Kodi woimba wa ku Mbayani aziimbira kuti?

Nkhani ya malo oimbira mu mzinda wa Blantyre ikangoyambika, kaya ndi pa wailesi, pa Facebook kapena m'kalasi, sipapita nthawi wina asanatchule French Cultural Centre. Akuluakulu amapukusa mitu n'kuyamba kukumbutsana za Lamulungu masana, pamene munthu ankakhala pa bwalo lija ku Chichiri kuonera Wakhumbata ya Du Chisiza Jr, Kwathu Drama Group, kapena bandi imene ikukhazikitsa chimbale chatsopano. Kenaka amafika pa chaka cha 2011, pamene Afalansa anatseka malowo, boma n'kuwagula, akuba n'kulowamo kuzula zitseko, mawaya ndi zipangizo. Dzina linasintha kukhala Blantyre Cultural Centre, ndipo ntchito yokonzanso inakwawa kwa zaka zoposa 10.

Nkhaniyi ndi yoona ndipo ndi yochititsa manyazi, koma ine yandikwana. Imachititsa anthu kuganiza kuti mbiri yonse ya nyimbo za mu mzinda uno inachitikira mkati mwa mpanda umodzi, ndipo kuti mpandawo ukangopakidwa penti zonse zibwerera m'chimake. Chikhalirecho oimba amene ankadzaza malo aja sanaphunzirire kuimba pamenepo. Ankafikapo atapsa kale. Kumene anapsera ndi m'mathaveni, m'mabala, m'misika ndi m'mbali mwa misewu ya madera ngati kwathu ku Mbayani. Malo amenewo ndi amene atha mwakachetechete, ndipo palibe akuwalira chifukwa ambiri a ife ophunzira timachita nawo manyazi.

Blantyre wakhala ndi usiku uwiri kuyambira kalekale: usiku wa m'tauni ndi usiku wa m'malokeshoni. Blantyre Sports Club inayamba mu 1896, hotela ya Ryall's mu 1922, ndipo m'nthawi ya atsamunda malo oterewa anali a azungu. Munthu wakuda ankalowamo atanyamula thireyi kapena tsache. Akaweruka ankakwera mtunda wapansi kubwerera ku Ndirande ndi midzi ina yozungulira tauni, kumene amayi ankafulula masese ndi kutcheza kachasu. Kumeneko ndiye kunali gule wake.

Zoimbira zachilendo zinalowera khomo lomwelo la kuseri. Asilikali obwera ku nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, ndi amuna obwera ku migodi ya ku Joni ndi ku Salisbury, ankafika ndi magitala, mabanjo, magalamafoni ndi mayimbidwe amene anamva kumeneko. Depoti ya mabasi ya Wenela, imene munthu wa ku Mbayani amafikako wapansi osatuluka thukuta, inatenga dzina lake ku bungwe limene linkalemba anthu ntchito za m'migodi ya ku South Africa. Timangotchula dzinalo tikamakwera basi, osadziwa kuti tikutchula njira imene nyimbo zathu za m'tauni zinadzera.

Chitsanzo chimene ndimachikonda ndi cha Daniel ndi Donald Kachamba. Anyamatawa anakhalako ku Salisbury, kumene bambo awo ankagwira ntchito, ndipo anabwerera kwawo kwa Singano ku Chileka ali ndi kwela m'makutu: chitoliro chachitsulo, gitala, ndi besi ya chingwe chimodzi yokhomera pa bokosi. Sankadikira kuitanidwa ku hotela. Ankayenda n'kumaimba m'misewu ya Blantyre ndi m'malo omwera mowa, anthu n'kumawaponyera makobidi. Mu 1967 Gerhard Kubik, katswiri wofufuza za nyimbo wa ku Austria, anakumana nawo mu mzinda muno n'kuwajambula. Pofika 1972 anali akuimba ku Ulaya. Daniel anamwalira mu 1987, Donald mu 2001, ndipo lero mayina awo ali m'mabuku a m'mayunivesite a kunja. Msewu wochokera m'tauni kupita ku Chileka umadutsa pa Mbayani ndi pa Chemusa. Sindinganene kuti ndife amene tinawapanga, koma omvera amene anawanola anali anthu a mtundu wathu womwewu: maovololo, maganyu, ndalama yochepa m'thumba, ndi khutu losanyengeka.

M'nthawi ya Kamuzu usiku uwiri uja unapitirira, kungoti unasintha zovala. Mu 1968 kunabwera lamulo lounika ndi kuletsa zisangalalo, mu 1973 lamulo la kavalidwe loletsa amayi kuvala mathalauzi ndi masiketi aafupi, ndipo wailesi inali imodzi yokha, MBC. Munthu ukamamwa pa bala unkayesa mawu ako usanawatulutse, chifukwa sunkadziwa kuti amene wakugulira botolo ndi khutu la ndani. Komabe anthu ankavina. M'tauni munali mabandi a masuti ndi zida zamagetsi. Morson Phuka ndi Jazz Giants, MBC Band ndi Chichiri Queens amene anatulutsa chimbale cha Kokoliko ku Malawi mu 1974, kenaka Kalimba, Makasu ndi Love Aquarius m'zaka za m'ma 1980. Awa ankaimba m'malo ngati Mount Soche ndi Hotel Chisakalime, imene lero inangotsala dzina m'kamwa mwa amalume athu.

Kumalokeshoni kunali zina. Fakitale ya Carlsberg itatsegulidwa ku Makata mu 1968, yoyamba ya kampaniyo kunja kwa Denmark, mowa wa m'mabotolo unafika pafupi ndi wogwira ntchito wamba, mabotolo sitolo n'kuchuluka. Amene matumba awo sankafikapo anali ndi thaveni ya Chibuku. M'malo amenewa ndi momwe munkalowa mabandi a banjo, ng'oma zokhoma okha ndi zitini. Allan Namoko, wosaona wa ku Thyolo, ndi Chimvu River Jazz Band yake anayenda moyo umenewu mpaka anamwalira mu 1995. Robert Fumulani ndi bandi yake ya Likhubula River anachokera ku Chileka. Giddes Chalamanda, amene anabadwa mu 1930, anatha zaka zambirimbiri akuyenda ndi gitala lake m'malo omwera mowa, kuimbira aliyense amene watulutsa kangachepe. Dziko linadzamudzidzimukira mu 2020 ataimba ndi Patience Namadingo, nyimbo yake n'kufalikira pa TikTok mpaka kunja. Apo ndiye tonse tinayamba kumutchula kuti chuma cha dziko. Pamene ankaimba pakati pa mabotolo, ambiri mwa amene akumutamanda lero akanamuuza kuti asunthe akutchinga kauntala.

Ndikuchedwa pa anthu amenewa chifukwa pali chinthu chimene bala inkawapatsa chimene situdiyo siingapereke. Woimba pa thaveni amayang'anana maso ndi maso ndi anthu amene sanabwerere iye. Abwera kudzamwa, kudzakambirana za mpira, kudzaiwala bwana. Ukaimba zosamveka amangopitiriza nkhani zawo, kapena wina amakukuwiza. Ukaimba zogwira mtima, bambo amene anakhala chokufulatira amatembenuka, mayi wogulitsa kanyenya panja amasuzumira pakhomo. Sabata yamawa ubweranso, nyimbo yomweyo waidula pena, waitalikitsa pena, wasintha mawu amene sanagwire. Ukatero kwa zaka zitatu umadziwa kugwira gulu la anthu ngati mmene mlimi amadziwira khasu lake. Maphunziro amenewa alibe satifiketi, koma ndi amene anatulutsa oimba amene tikuwanyadira.

Zinthu zitasintha mu 1993 ndi 1994, usiku wa Blantyre unamasuka. Makaseti ankagulidwa ngati mandasi kwa O.G. Issa ku Limbe, Lucius Banda ndi Zembani ankadzaza malo kulikonse, Jai Banda ankakonza mashoo akuluakulu, Chez Ntemba inabweretsa usiku wa rumba ya ku Congo, Motel Paradise inkalandira mabandi kumapeto kwa sabata. Pambuyo pake kunabwera Robin's Park ku Njamba, oimba nyimbo zauzimu n'kutenga Comesa Hall kukhala kwawo. Evison Matafale anatulukira m'nyengo imeneyi, n'kufera m'manja mwa apolisi mu November 2001. Bandi imene anasiya, Black Missionaries, momwe muli ana a Robert Fumulani, ndi umboni woti njira yakale ija sinafe yokha. Kwa zaka zoposa 20 Ma Blacks akhala akudya za kuimba pamaso pa anthu, Lachisanu uku, Loweruka uko, m'malo achisangalalo a m'matauni ang'onoang'ono ndi m'malokeshoni. Chikumbutso cha Matafale chimene chimachitika ku Chileka chaka ndi chaka chimasonkhanitsa chinamtindi cha anthu pa bwalo lafumbi. Amene amati Amalawi wamba sakonda bandi yoimba pompopompo sanapiteko.

Tsono bwerani ku Mbayani Loweruka madzulo, muyende kuchokera pamsika kulowera ku Chemusa. Nyimbo zili paliponse. Bala iliyonse yatulutsa sipika pakhonde, ikulimbana ndi ya mnzake. Wometa ali ndi yake, woika nyimbo m'mafoni ali ndi yake, wa kanema ali ndi yake. Phokoso lake limagwedeza malata. Koma yendani mpaka miyendo itope, mupeze pamene munthu wagwira gitala akuimbira anthu. Muli ndi mwayi mukapeza mmodzi. Dera lonseli, lodzaza anthu mpaka nyumba kugundana misana, lili ndi masipika osawerengeka koma lilibe siteji.

Chifukwa chake sichovuta kuchimvetsa, ndipo sindikuimba mlandu eni mabala. Bandi ndi anthu asanu kapena asanu ndi awiri, aliyense ndi mimba yake. Pafunika galimoto yonyamula zida, zokuzira mawu zobwereka, ndi jenereta ndi mafuta ake poti magetsi sapangana ndi munthu. Kwacha itagwa ndi 44 peresenti mu November 2023, chingwe cha gitala chenichenicho chinasanduka katundu wodula, chifukwa zonsezi zimachokera kunja. Mwini bala akawerengera, amaona kuti mnyamata mmodzi wa laputopu ndi fulashi amugwirira ntchito usiku wonse pa mtengo wa mabotolo ochepa. Nthawi ya Covid-19, pamene boma linachepetsa chiwerengero cha anthu osonkhana ndi maola otsegulira mabala, inangomaliza zimene zinali zitayamba kale.

Mbali inayo, kujambula nyimbo kunaphweka. Ku Mbayani, ku Ndirande, ku Bangwe, ku Machinjiri, kachipinda kamodzi kokhala ndi kompyuta ndi maikolofoni ndi situdiyo kale. Ichi ndi chinthu chabwino, musandimve molakwa. Mwana wa mayi wogulitsa tomato atha kujambula nyimbo lero, mawa ili pa WhatsApp. Koma zotsatira zake taziona tonse. Woimba amatchuka asanaimepo pamaso pa anthu 50. Tsiku lomuitana ku shoo yaikulu amakwera pa siteji, DJ n'kuika nyimbo yake yojambula kale, iye n'kumakuwa pamwamba pake, mpweya n'kumuthera pa nyimbo yachiwiri. Timamuseka pa Facebook kuti ndi woimba wa mu situdiyo. Koma akanaphunzirira kuti? Tinamuchotsera makwerero onse apansi, n'kumudabwa kuti akulephera kudumphira padenga.

Malo okhawo ku Mbayani kumene mwana angagwire kiyibodi, besi kapena ng'oma zachizungu sabata iliyonse ndi ku tchalitchi. Izi n'zoyenera kuzinena mosabisa, ngakhale kwa anzanga amene amanyoza matchalitchi a m'makalasi ndi m'mashedi. Ndi iwo amene akugula zida, ndi iwo amene akulola mnyamata wa zaka 14 kulakwitsa Lamulungu lililonse mpaka adziwe. Funsani oimba zida m'mabandi ambiri a mu mzinda uno kumene anayambira, mumva mayina a makwaya. Vuto ndi loti akafuna kuimba za chikondi, za lendi, za bwana wosalipira, za mtsikana wa ku Chilomoni amene anamukana, guwa silingamulole. Ndipo kunja kwa guwa kulibe pena.

Wina anena kuti malo alipo m'tauni. Alipodi, ndipo amene akuwayendetsa ndi ofunika kuwathokoza. Mibawa ya John Nthakomwa inayesetsa kubwezeretsa chizolowezi cha bandi yokhazikika pamalo. Jacaranda Cultural Centre imachititsa Sounds of Malawi, kumene woimba amaimba ndi zida zenizeni anthu atakhala chete kumvetsera. Kwa Haraba kumakumana alakatuli, ndipo Blantyre Arts Festival yakhalapo kuyambira 2009. Koma taganizani za mtsikana wa ku Mbayani amene akufuna kukaonera. Ndalama yapakhomo ndi imodzi. Shoo ikatha usiku maminibasi asiya kale kuyenda, kabaza wa njinga yamoto wakweza mtengo, ndipo kuyenda wapansi kuchokera m'tauni nthawi imeneyo ndi kupereka foni kwa akuba ndi manja awiri. Mtunda ndi waufupi masana, usiku umatalika. Mapeto ake omvera m'malo aja ndi omwe aja: a galimoto, alendo ochokera kunja, ndi ife ophunzira tikalandira ya upkeep. Usiku uwiri uja udakalipo.

Pali chotsutsa china chimene sindingachinyoze, chifukwa ndachikhala. Mayeso anga a MSCE ndinawerengera pa nyumba imene khoma lake linkanjenjemera ndi sipika ya bala yoyandikana nayo mpaka tambala woyamba. Mayi amene ali ndi khanda, namwino wochokera ku ntchito ya usiku, gogo wodwala, akamva wina akupempha nyimbo zambiri ku Mbayani ali ndi chifukwa chomutukwanira. Palinso ndewu, ana aang'ono olowa m'mabala, ndi atsikana amene umphawi umawaimika m'makonde mwa malo amenewa. Kukometsa moyo wa pa thaveni ngati kuti unali paradaiso ndi bodza, ndipo oimba ambiri akale aja anafa ali amphawi, ena mowa womwewo utawadya.

Koma onani kuti zoipa zonsezi zilipo kale popanda bandi. Phokoso limene likutisowetsa tulo si la oimba, ndi la makina amene satopa, sapuma, safuna kupita kwawo. Bandi ya anthu imaimba maola atatu, zala n'kuwawa, n'kulongedza. Tinachotsa mbali yokhayo ya usiku wa m'lokeshoni imene inkabala kanthu, n'kusunga zotsalazo.

Ndiponso palibe lamulo loti nyimbo zamoyo zikhale za pakati pa usiku kapena za pa bala pokha. Chimene French Cultural Centre inkachita bwino kwambiri si nyumba yake, koma nthawi yake: masana, mowa osakhala mfumu ya pamalopo, mayi n'kubwera ndi ana ake, aliyense n'kufika kwawo kusanade. Mtsikana ankatha kuonera, ngakhale kuimba kumene, popanda kumutchula dzina loipa limene anthu amapatsa mkazi aliyense wopezeka pa bala. Chimenechi chitha kuchitika ku Mbayani popanda kudikira mamiliyoni a boma. Mabwalo a sukulu amakhala opanda ntchito Loweruka ndi Lamulungu masana. Maholo a matchalitchi amabwereketsedwa kale pa maukwati ndi zinkhoswe. Fredokiss atachititsa shoo yaulere ku Ndirande, khamu limene linafika linaonetsa kuti njala ilipo. Kungoti shoo imodzi ya munthu wotchuka kale ndi phwando, pamene chimene chikusowa ndi chizolowezi: malo aang'ono, tsiku lodziwika, sabata ndi sabata, kumene wosadziwika angaimbe nyimbo zitatu n'kutsika.

Khonsolo ya mzinda ili ndi chingwe m'manja chimene siikoka. Ndi iyo imapereka ziphaso za malo ogulitsa mowa, ndipo malamulo a maola otsekera ndi a phokoso alipo, ngakhale amakumbukiridwa mwa apo ndi apo. Bwanji osanena kuti mwini bala amene apereka madzulo amodzi pa sabata kwa oimba a m'deralo, n'kutseka zokuzira mawu nthawi yogona ikakwana, amuchepetsere msonkho wa chiphaso? Woyandikana naye apeza tulo, woimba apeza pophunzirira, mwini bala apeza makasitomala amene sakanabwera. COSOMA, imene yakhala ikutolera ndalama za oimba kuyambira 1992, ndi Musicians Union of Malawi akanakhala oyamba kukankha zoterezi, m'malo mongoonekera pa maliro a oimba ndi nkhata za maluwa. Makhansala athu amabwera nthawi ya kampeni ndi mipira ndi mayunifolomu a timu, poti anaphunzira kuti mpira umafuna bwalo. Palibe amene anawauza kuti nyimbo nazo zimafuna bwalo.

Gawo lina ndi lathu, ife a maphunziro a mbiri, zilankhulo ndi chikhalidwe. Chaka chilichonse timalemba kafukufuku womaliza digiri, ndipo mitu yake imangozungulira pamodzimodzi, kubwereza zimene ena analemba kale. Pamene ku Mbayani, ku Zingwangwa, pa Chinseu ku Ndirande ndi pa Kamba kuli madala amene ankavina m'mathaveni a m'ma 1970, amayi amene ankagulitsamo, ndi ena amene ankaimbamo kumene, amene lero akusoka nsapato kapena kulondera pa geti ya munthu. Amadziwa kuti thaveni inali pati, bandi inkabwera tsiku liti, inkalipidwa bwanji, ndani ankaletsa nyimbo iti, ndipo nyumbayo inasanduka tchalitchi kapena golosale chaka chiti. A Kachamba tikuwadziwa bwino chifukwa munthu wochokera ku Vienna anaima pamsewu n'kutsegula makina ojambulira, ndipo pambuyo pake Moya Malamusi wa kwa Singano komweko anapitiriza ntchitoyo. Kubik ankanyamula chimakina cholemera ndi matepi. Ife tili ndi chojambulira m'thumba, chimene timajambulira mapwando a tsiku lobadwa.

Madala amenewa savuta kuwapeza. Masana aliwonse amakhala pa bawo kuseri kwa msika, ndipo ukawapatsa moni mwaulemu n'kufunsa kuti, "Agogo, kodi kale munkavinira kuti?" bawo imaima. Wina atchula dzina la malo, mnzake amutsutsa kuti ayi, pamenepo panali pa mayi uje, bandi inkaimbira kutsidya kwa msewu. Ambiri mwa iwo adutsa zaka 70, ndipo holide ikubwerayi ili ndi masabata okwanira kukhala nawo pansi kangapo.